Loya wa pamwamba pa sitolo ya nsalu: mmene anandithandizira kuti andimve ndisanalipire chindapusa

Amayi angapo a kumpingo kwathu akhala akundifunsa za loya amene anandithandiza pa nkhani ya chindapusa cha pa lesitilanti yanga. Ena amandiimitsa pa geti tikatuluka m'tchalitchi, ena amatumiza uthenga pa WhatsApp usiku. Pa geti munthu sumaliza nkhani, ndiye ndati ndilembe zonse, zabwino ndi zimene sizinandisangalatse. Dzina la loyayo sindilemba chifukwa sindinawapemphe, ndipo ofesi imene inandilipiritsa sindiitchulanso. Wofuna kudziwa khomo lake andifunse pamaso.

Ine ndimaphika nsima ku Msasa, mu mzinda wa Harare kuno ku Zimbabwe. Kalesitilanti kanga n'kachipinda chimodzi ndi khonde, kuseri kwa mafakitale a m'mbali mwa Mutare Road. Amene amadya kwa ine ndi anyamata a m'magalaja, madalaivala a malole ndi alonda. Mbale ya nsima ya nyama ya ng'ombe ndi masamba ndi dola imodzi ndi theka, ya nkhuku madola awiri. Timagwira atatu: ine, mwana wa achemwali anga amene amagawa chakudya, ndi mtsikana wotsuka mbale. Ndimakhala ku Tafara m'nyumba imene anasiya bambo anga, amene anachokera ku Dedza nthawi ya Chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland n'kudzagwira ntchito yophika m'nyumba za azungu ku Highlands.

Tsiku limene anabwera oyendera malo ogulitsira zakudya, ine ndinali ku maliro ku Mabvuku. Pobwera madzulo ndinapeza mwana wa achemwali anga atakhala pa kreti, maso ali psuu, pepala lili m'manja. Pa pepalapo panali milandu iwiri. Woyamba unali wakuti ndikuchita malonda popanda laisensi ya chaka chino, chindapusa chake madola 200. Wachiwiri wakuti chikalata cha kuchipatala cha mtsikana wotsuka mbale chinatha ntchito, madola 80. Pansi analemba kuti ndilipire pasanathe masiku 7, apo ayi adzatseka. Madola 280 ndi mbale za nsima pafupifupi 190, ndipo apo sindinachotsere ufa, nyama, mafuta ndi gasi.

Mlandu wachiwiriwo unali woona. Chikalata cha mtsikanayo chinali chitatha milungu itatu m'mbuyomo, ine osaona. Koma woyambawo ayi. Ndalama ya laisensi ndinali nditalipira kumayambiriro a chaka, lisiti lili m'chikwama changa, ndipo kawiri konse ndinapita kukafunsa pepala lenilenilo n'kuuzidwa kuti silinatuluke. Pa khoma panali ya chaka chatha. Lisitilo ndinapita nalo ku maliro, chifukwa limakhala m'chikwama mmene ndimasungamo chitupa.

Usiku umenewo maganizo anga anali amodzi basi: ndikapemphe amayi a chipereganyu andipatse ndalama mwezi wanga usanakwane, ndikalipire, nkhani ithe. Umu ndi mmene tinakulira ambiri a ife ana a anthu a ku Malawi kuno. Bambo anga ankati munthu wobwera sakweza mawu pa ofesi. Chitupa chawo chinali cholembedwa kuti ndi mlendo mpaka tsiku limene tinawaika m'manda, ngakhale anakhala m'dziko muno zaka zoposa 40. Ngakhale ife obadwira konkuno tinakhala zaka zambiri osadziwa kuti ndife a kuti, mpaka malamulo oyendetsera dziko a 2013 ananena pa gawo 43 kuti wobadwira mu Zimbabwe malamulowo asanatuluke, kholo lake lili nzika ya dziko la SADC, ndipo iye anali akukhala muno pamene malamulowo ankatuluka, ndi nzika mwa kubadwa. Pepala linasintha, koma mantha a m'mimba sasintha tsiku limodzi. Ukaona chidindo cha boma, dzanja limathamangira m'thumba pakamwa pasanatseguke.

Amene anandiletsa ndi mkulu wa mpingo wathu wa CCAP, amene anagwirapo ntchito ya umesenjala m'tauni zaka zambiri. Nditawafotokozera anati, "Mayi, safunsa anadya phula. Masiku 7 si mawa. Pitani kaye mukaonane ndi mwana uyu, mukalipire mutamva." Anandilembera njira kuseri kwa envulopu ya chopereka.

Ofesiyo ili kumunsi kwa tauni, chakufupi ndi Kaguvi Street, pamwamba pa sitolo ya nsalu. Kuchokera ku Tafara umatsika kombi, minibasi ya kuno, pa Fourth Street n'kuyenda kamtunda ndithu. Chikwangwani n'chaching'ono, ndinachipitirira kawiri. Muli zipinda ziwiri: chodikirira, chimene muli benchi ndi desiki ya kalaliki, ndi cha loyayo. Salemba nthawi yokumana, amene wafika msanga ndiye amayamba. Ine ndinafika 8 koloko, ndinalowa 11 koloko itadutsa. Kwa munthu amene nsima yake imayenera kukhala itapsa 12 koloko, kumeneko n'kutaya tsiku lonse la malonda, ndipo ichi ndi chinthu choyamba chimene ndingawadandaulire. Akanamalemba nthawi, ngakhale pa kabuku wamba, akanatithandiza ife a maganyu ndi malonda.

Koma pa benchi lija ndinaonapo chinthu chimene chinandikhazika mtima pansi. Panali agogo ena aamuna ochokera ku Mbare, ovala jekete ndi chipewa, atanyamula mapepala a penshoni m'jumbo. Ankavutika kufotokoza m'Chishona, mawu akutuluka osakanikirana. Kalaliki, mnyamata wa zaka za m'ma 20, anawayang'ana n'kunena, "Agogo, lankhulani Chichewa, ndikumva." Agogo ake a mnyamatayo anachokera ku Nkhotakota. Chichewa chake n'chopindika, chimakokera ku Chishona, koma agogo aja anawongoka msana n'kuyamba nkhani yawo kuchokera pachiyambi. Loya mwiniyo Chichewa sadziwa, amalankhula Chishona ndi Chingerezi, choncho akabwera achikulire otere mnyamatayo amalowa nawo kukamasulira.

Mtengo amakuuza usanalowe. Kuonana ndi loya kwa theka la ola ndi madola 20, kulemba kalata madola 40. Amapereka lisiti osachita kupempha. Pa khoma la m'chipinda cha loya pali chiphaso cha chaka chimenecho cha bungwe la maloya la Law Society of Zimbabwe, ndipo ndinachiwerenga ndisanakhale pansi. Ndikukulimbikitsani kuyang'ana chimenechi kulikonse kumene mungapite, chifukwa m'tauni muno muli anthu onyamula mafayilo amene amadzitcha maloya pamene sali.

Loyayo ndi mayi wachitsikana, wocheperapo kwa mwana wanga woyamba. Sanayambe ndi kundifunsa ngati ndinalakwa. Anatenga pepala lija, analiwerenga kutsogolo ndi kumbuyo, n'kuloza pamene mwana wa achemwali anga anasaina. Anati, "Amayi, tiyambe ndi apa. Mawu ali pamwamba pa siginechayi akuti chiyani?" Ine sindinali nditawerenga n'komwe. Anandifotokozera kuti mapepala a chindapusa ali mitundu iwiri, ndipo anthu ambiri amawasokoneza. Pali pepala lovomera kulakwa, limene ukasaina n'kulipira ndiye kuti wavomera mlandu ndipo wasankha kusakaonekera kwa majisitireti. Limenelo uli ndi ufulu wokana kusaina n'kunena kuti nkhani ipite kukhoti, ukadziyankhire kumeneko. Ndiye pali chindapusa chimene ofesi imagamula yokha pogwiritsa ntchito mphamvu imene lamulo linaipatsa. Langa linali la mtundu wachiwiri, ndipo mwanayo anasainira kungosonyeza kuti walandira. Nditamva zimenezo ndinapuma. Usiku wonse ndinkaganiza kuti mwana wandivomerera mlandu.

Kenako anatsegula kabuku ka malamulo oyendetsera dziko, kakutha m'makona chifukwa chogwiritsidwa ntchito, n'kundionetsa gawo 68. Anawerenga m'Chingerezi, n'kumasulira m'Chishona pang'onopang'ono. Gawolo limati munthu aliyense ali ndi ufulu wakuti maofesi a boma amuchitire zinthu motsata lamulo, mwachangu, mopanda tsankho, molingana ndi kukula kwa nkhani, ndiponso mwachilungamo pa chigamulo chenichenicho ndi pa njira yofikira chigamulocho. Limatinso ngati ofesi yachita chinthu chokupweteka, uli ndi ufulu wopatsidwa zifukwa zake msanga, zolembedwa. Anatsindika mawu akuti munthu aliyense. Anati silikunena za nzika zokha, kapena olemera, kapena odziwa Chingerezi. Anapitiriza ndi gawo 69, lonena za ufulu womvedwa mwachilungamo pamaso pa khoti kapena bwalo lina lokhazikitsidwa ndi lamulo, losakondera, ndi ufulu wobwera ndi loya wako ngati ungathe kumulipira.

Chimene chinandigwira mtima kwambiri ndi lamulo lina lotchedwa Administrative Justice Act, la mu 2004. Iwo anati limeneli ndi limene limauza ofesi zochita, chimodzichimodzi. Pa gawo 3 limati ofesi isanachite chinthu chokukhudza, ikudziwitse bwino chimene ikufuna kuchita ndi cholinga chake, ikupatse mpata wokwanira wonena mbali yako, ndiponso ikuuze ngati pali kumene ungakadandaule kapena kuchita apilo. Anandibwezera pepala langa n'kunena, "Pezani pamene akuuzani kokadandaula." Ndinayang'ana kutsogolo, kumbuyo. Panali nambala ya akaunti yolipirira ndi tsiku lomaliza basi.

Ine ndinawauza kuti zimenezi si zachilendo kwa ife. Kwathu ankhoswe saweruza banja atamva mkazi yekha. Pa bwalo la mfumu, ngakhale mbuzi yagwidwa m'munda chimanga chili kukamwa, mwini mbuzi amaitanidwa, amakhala pansi, amafunsidwa kuti anene mawu ake. Bambo anga ankaweruza timilandu ta m'bungwe la maliro la anthu a kwathu ku Mabvuku, ndipo sindinawaonepo akulipiritsa munthu amene palibe. Loyayo anaseka pang'ono n'kunena kuti ku sukulu ya malamulo anaphunzira zomwezo m'Chilatini. Anandiuzanso kuti ku Malawi malamulo oyendetsera dziko ali ndi mfundo yofanana pa gawo 43, yakuti boma lichite zinthu mwachilungamo ndi kupereka zifukwa zolembedwa. Ndinadabwa kuti chinthu chimene timachidziwa bwino pa mkeka timachiiwala tikaima pa kauntala.

Apa ndinene chimene ndinawakondera kwambiri mayi ameneyu: sanandinamize. Ananena mosabisa kuti pa mlandu wa chikalata cha kuchipatala ndilibe poimira, ndipo ndisayese kukana. Anati kumvedwa si kupambana, n'kutheka kukumva bwinobwino n'kukulipiritsabe. Anatinso lamulo lomwelo limalola ofesi kudumpha zina mwa njirazi pakakhala chifukwa chomveka, monga changu chopulumutsa anthu, choncho akanapeza nyama yowola m'firiji akanatha kutseka tsiku lomwelo, zokambirana pambuyo. Ine pamenepo ndilibe mawu otsutsa. Ndinaona kolera ya 2008 imene inapha anthu oposa 4,000 m'dziko muno, ndinaonanso ya 2018 itavuta ku Glen View ndi ku Budiriro. Ndimadyetsa ana a eni ake tsiku lililonse. Oyendera malo a zakudya ndimawafuna, abwere. Chimene ndinkakana n'kulipira madola 200 pa laisensi imene ndinalipira kale, popanda wondifunsa ngakhale funso limodzi.

Kalata inatuluka mawa lake. Inali ya tsamba limodzi ndi theka, yopanda mawu oopseza. Inanena kuti ndine ndani, nambala ya pepala la chindapusa, ndi tsiku limene linaperekedwa. Inavomera mlandu wachiwiri n'kunena kuti mtsikanayo wapita kale kukapimidwa. Pa mlandu woyamba inapempha zinthu zitatu: zifukwa zolembedwa, mpata woti ndikaonekere ndi umboni wanga, ndi kuti masiku 7 aja aimitsidwe mpaka nkhani itamvedwa. Kumbuyo anamatako fotokope ya lisiti la laisensi. Lisiti lenilenilo anandiuza kuti lisachoke m'manja mwanga, aliyense wofuna kuliona alione ndili pomwepo.

Pa kalatayi panali cholakwika chimene sindingachibise. Nambala ya pepala la chindapusa anailemba mosemphanitsa manambala awiri. Amene anaona ndi mdzukulu wanga wa Fomu 3, ndikumuonetsa madzulo kunyumba. Ndikanapita nayo choncho, bwenzi kalata yanga ikufunafuna fayilo ya munthu wina masiku akutha. Ndinabwereranso m'mawa, anapepesa, anakonza osalipiritsa, koma inali kombi ina ndi m'mawa wina wotayika. Mukalandira kalata kwa loya aliyense, khalani pansi pomwepo muyerekeze dzina, manambala ndi masiku ndi mapepala anu musanatsike masitepe.

Malangizo a kalaliki uja pa kaperekedwe ka kalata anali a mtengo wapatali kuposa mmene amaonekera. Anati ndipite ndi makope awiri, imodzi ndisiye, inayo andidindire chidindo cha tsiku ndi kusaina, ndibwere nayo. Anati, "Mayi, akakuuzani kuti ingosiyani, muwauze mwaulemu kuti mudikira chidindo. Musachoke." Zinachitikadi choncho. Wa pa kauntala anati ndisiye m'thireyi. Ndinati ndidikira. Ndinaima mphindi 40, anthu akundidutsa, mtima ukugunda ngati ndaba. Pamapeto anadinda. Ndinatuluka ndi pepala losonyeza kuti ndinadandaula tsiku lachinayi, masiku 7 asanathe.

Apa ndi pamene ntchito ya ofesi ya loyayi inafooka. Masiku 7 anakwana, yankho kulibe. Ine m'mimba muli chipwirikiti, galimoto iliyonse yoima pa khomo ndikuganiza kuti abwera ndi loko. Ndinaimba foni ya ofesi katatu, osayankhidwa. Uthenga wa pa WhatsApp unawerengedwa, yankho linabwera patatha masiku awiri, lakuti ndidekhe. Ndikudziwa kuti ndi anthu awiri okha ndipo loyayo amakhala kukhoti ku Rotten Row m'mawa wambiri. Komabe munthu amene bizinesi yake ili pa chingwe amafuna mawu amodzi okha tsiku lomwelo. Nditapitako ndekha anandilandira bwino, analemba kakalata kachikumbutso ka mizere isanu osandilipiritsa, ndipo anandiuza kuti akabwera kudzatseka ndiwaonetse kope yodinda ija n'kuwaimbira. Koma ndinachita kupitako.

Patatha milungu itatu ndinaitanidwa ku ofesi imene inandilipiritsa ija. Loyayo anati kuti apite nane ndi madola 100, ndipo iye mwini anandiuza kuti pa nkhani ya kukula kotere n'kuwononga ndalama, ndikhoza kudziyankhira ndekha. M'malo mwake anandikonzekeretsa kwa mphindi 20, osawonjezera mtengo. Anati ndiyambe ndi kuvomera chimene ndinalakwa, kuti aone kuti sindinabwere kudzakangana. Ndisanene za umphawi wanga kapena za ana amasiye amene ndikulera mpaka atandifunsa, ndiyambe ndi lisiti. Ndilankhule chilankhulo chimene ndimamasuka nacho, ndipo akandipatsa pepala la Chingerezi loti ndisaine ndipemphe andimasulire kaye. Anandikumbutsa kuti gawo 6 la malamulo a dziko limatchula zilankhulo 16 zovomerezeka, ndipo Chichewa ndi choyamba pa mndandandawo. Chomaliza anati ndiyang'ane amene akhale kutsogolo kwanga. Ngati amene analemba chindapusa ali pakati pa oweruza, ndipemphe mwaulemu kuti akhale mboni, chifukwa munthu saweruza mlandu wake womwe.

M'chipindamo munali tebulo lalitali ndi anthu atatu. Ndinapita ndi mwana wa achemwali anga, popeza ndiye analipo tsiku lija. Titangokhala anandikodola ndi chigongono n'kunong'ona, "Amayi aang'ono, wa kumanzereyo ndi yemwe uja." Pakamwa panga panauma. Zaka zonse za moyo wanga sindinauzepo munthu wa boma pokhala. Ndinakumbukira bambo anga atavula chipewa pa khomo la ofesi, akulankhula chapansipansi. Koma ndinanena, m'Chishona, mawu akunjenjemera: ndinati ndikupempha kuti bambo amene analemba pepalali afotokoze zimene anaona, ine ndifotokoze zanga, koma oweruza akhale enawo. Panakhala chete. Mkulu wa pakati anayang'ana anzake, n'kunena kuti pempholo n'lomveka. Bambo uja anasuntha mpando wake n'kukakhala kumapeto kwa tebulo.

Iye anafotokoza zoona zokhazokha. Anati anapeza laisensi ya chaka chatha pa khoma, anafunsa ya chaka chino, mwana wa achemwali anga anati sakudziwa. Mwanayo anavomera kuti anayankhadi choncho. Ine ndinatulutsa lisiti, ndinanena masiku awiri amene ndinapita kukafunsa laisensi, ndinaonetsa chikalata chatsopano cha mtsikana wotsuka mbale. Mayi amene anali kumanja anatuluka ndi nambala ya lisiti kukayang'ana pa kompyuta, anabwera patapita kanthawi n'kugwedeza mutu kuvomereza. Anandifunsa chifukwa chimene sindinamate fotokope ya lisiti pa khoma. Ndinati sindinaganize, ndipo ndi zoona, ndikanatero bwenzi zonsezi kulibe. Zonse zinatenga mphindi zosakwana 30. Milungu inayi ya kusagona, nkhani yake yotha mu theka la ola, anthu atangokhala pansi n'kufunsana.

Ndisanatuluke ndinapempha kuti chigamulo chibwere cholembedwa, monga anandilangizira. Chinabwera patatha masiku 10. Madola 200 a laisensi anachotsedwa, madola 80 a chikalata cha kuchipatala anatsala. Ndinalipira tsiku lomwelo pa foni kudzera pa EcoCash, ndipo sindinadandaule nawo. Laisensi yeniyeniyo inatuluka mlungu wotsatira.

Tiwerengere limodzi, chifukwa ena amaganiza kuti ndinapulumutsa madola 200 onse. Kwa loya ndinasiya madola 60. Makombi ndi mafotokope anadya pafupifupi madola 12. Masiku amene ndinachoka pa moto, malonda anatsika, chifukwa ana awiri aja sangathe kuphika ndi kugawa nthawi imodzi, ndipo ndikayerekeza ndinataya madola ngati 50. Chotsala m'thumba ndi madola 80 kapena kuchepera. Si ndalama yoti munthu n'kuvinira. Koma m'fayilo yanga ku ofesi ija mulibe mawu akuti ndinagwidwa ndikuchita malonda popanda laisensi, ndipo loyayo anandiuza kuti mawu otere amatha kukutsata pokonzanso laisensi kapena ukadzapezeka ndi kamlandu kena. Kwa ine chimenecho chinali cholemera kuposa ndalamazo.

Ndinawafunsanso kuti akanakana kundimva tikanatani. Anati lamulo lija limalola kupita ku High Court, imene ingathe kufafaniza chigamulo, kulamula ofesi kuti ipereke zifukwa, kapena kuibwezera nkhani kuti iyambirenso mwachilungamo. Anati pempho loti khoti liunikenso chigamulo limayenera kulowa pasanathe milungu 8, choncho munthu asagone nalo pepala. Palinso Administrative Court imene imamva ma apilo a nkhani zina, pamene lamulo la nkhaniyo lanena kuti apilo ipite kumeneko. Koma anandiuza poyera kuti pa madola 200, ndalama za ku High Court zikanaposa chindapusacho kutalitali, ndipo sakanandilangiza kutero pokhapokha akanatseka lesitilanti. Mawu amenewa anandipweteka ngakhale anali oona. Ufulu ulipo pa pepala kwa tonse, koma khomo lalikululo limatsegukira amene ali ndi ndalama, ndiye kwa ife ang'onoang'ono nkhondo yonse ili pa kalata yoyamba ija ndi chidindo chake.

Kodi ndingawatumizire munthu? Inde, makamaka amene chindapusa chake chafika madola 100 kupita m'tsogolo, kapena amene akuopsezedwa kutsekeredwa, kulandidwa katundu kapena laisensi, ndipo ali ndi umboni m'manja. Amamvetsera, amafotokoza mpaka umve, sakulonjeza zimene sangathe, ndipo mtengo wawo sausintha pakati pa njira. Achikulire athu amene Chishona ndi Chingerezi zimawavuta adzapeza womva Chichewa. Koma ngati muli munthu wofuna kuimbiridwa foni tsiku lililonse, mudzakhumudwa, ndipo ngati chindapusa chanu ndi cha madola 20 kapena 30, loya adzakudyerani zambiri kuposa mlanduwo. Pamenepo lembani nokha kalata yaifupi yopempha zifukwa ndi mpata wonena mbali yanu, kapena pitani ku Legal Aid Directorate, ofesi ya boma yothandiza osatha kulipira loya, kapena ku Legal Resources Foundation kumene amapereka uphungu wa malamulo. Loya wangayo ndi amene ananditchulira malo awiriwa, ndisanamufunse.

Agogo a ku Mbare aja ndinakumana nawonso pa benchi ulendo wanga wachitatu. Anandizindikira, anandifunsa kwathu, nditati ku Dedza anati iwo ndi a ku Ntcheu, ndiye ndife anansi. Nkhani yawo ya penshoni inali isanathe. Anali atabwera ndi mdzukulu wowagwira dzanja, chifukwa masitepe a nyumba ija ndi otsetsereka, opanda chogwirira mbali imodzi, ndipo magetsi akazima mumakhala mdima ngakhale masana. Mukamapita ndi achikulire musawasiye akwere okha. Nyamulani pepala la chindapusa lenilenilo, malisiti onse, chitupa, ndi madola 20 osachita kusintha, chifukwa chenji pa desiki paja sichipezeka kawirikawiri. Lachisanu loyayo amaweruka 1 koloko.